Henny Porten anatsalira ku Germany, koma sanamusiye mwamuna wake

Sabata yatha m'kalasi tinkakangana za anthu ochita zisudzo a ku Germany a m'nthawi ya Hitler. Mnzanga wina anawagawa m'magulu awiri: amene anathawa ndi amene anagwirizana ndi boma. Marlene Dietrich anamuika kwa abwino chifukwa anapita ku America n'kukana kubwerera. Emil Jannings anamuika kwa oipa chifukwa anasewera m'mafilimu ofalitsa mfundo za chipani cha Nazi. Nditafunsa za Henny Porten, anayankha mwachidule kuti popeza anatsalira n'kumaseweranso m'mafilimu, ndiye kuti anali wawo. Pomwepo ndinasowa chonena. Ndiyankhe pano.

Porten anabadwira ku Magdeburg mu 1890. Bambo ake, Franz Porten, anali woimba komanso wowongolera mafilimu, ndipo mtsikanayu anayamba kuonekera pa kamera cha mu 1906, ali ndi zaka 16, pansi pa kampani ya Oskar Messter. Masiku amenewo filimu inalibe mawu. Chilichonse, kaya chikondi, manyazi kapena mkwiyo, chinkayenera kuoneka pankhope ndi m'manja. Iye anazidziwa bwino zimenezi mpaka anakhala mmodzi mwa akatswiri oyambirira a mafilimu amene Ajeremani ankawadziwa ndi dzina. Pamoyo wake wonse anasewera m'mafilimu oposa 170.

Ngati muli ndi bandulo yokwanira, fufuzani Kohlhiesels Töchter ya 1920, yowongoleredwa ndi Ernst Lubitsch. Porten amasewera ana aakazi awiri a bambo mmodzi: wina wokongola ndi wofatsa, wina waukali woti amuna amamuthawa, ndipo bamboyo akuti wamng'ono sakwatiwa mpaka wamkulu atapeza banja. Ndinaseka ndekha usiku, mafilimu akale ndisanayambe n'kuwakonda komwe. Chaka chomwecho anasewera Anna Boleyn, mkazi amene mfumu Henry VIII inamutaya n'kumudulitsa mutu. Mfumuyo anali Jannings yemweyo.

Mwamuna wake woyamba, Curt Stark, anafera ku nkhondo yoyamba ya dziko lonse mu 1916. Mu 1921 anakwatiwa ndi dokotala, Wilhelm von Kaufmann, yemwe anali wa mtundu wa Ayuda. Zaka 12 pambuyo pake Hitler analowa m'boma, ndipo ukwati umenewo unasanduka mlandu. Porten anakakamizidwa kuti athetse banja. Anakana. Ntchito inayamba kusowa, ndipo munthu amene kale ankatulutsa mafilimu angapo pachaka anangosewera owerengeka m'zaka zonse za ulamuliro wa Nazi. Chilolezo chotulukira m'dziko anamumana.

Apa ndi pamene mnzanga uja akuphonya. Mu Germany ya nthawi imeneyo, kuthetsa banja lotere sikunali nkhani ya m'nyumba chabe. Myuda wokwatirana ndi munthu amene boma linkamutcha Mjeremani weniweni ankakhala ndi kachitetezo, kosadalirika inde, koma kokwanira kuti ambiri asatengedwe kupita ku misasa yopherako anthu. Banja likatha, kachitetezoko kankathanso. Choncho "ayi" wa Porten anali mpanda pakati pa mwamuna wake ndi sitima zopita kummawa.

Ndipo tisaganize kuti aliyense akanachita chimodzimodzi. Heinz Rühmann, katswiri wa mafilimu oseketsa, anasudzulana ndi mkazi wake wachiyuda mu 1938, ntchito yake n'kupitirira bwinobwino. Joachim Gottschalk anakana ngati Porten, koma atapanikizidwa kwambiri, iye, mkazi wake ndi mwana wawo anafa modzipha mu November 1941. Njira zinalipo zinali zimenezo.

Sindikunena kuti Porten anali womenyera ufulu. Sanali. Anasewera m'mafilimu opangidwa pansi pa unduna wa Joseph Goebbels, monga Familie Buchholz ya 1944, ndipo filimu yosangalatsa banja m'chaka ngati chimenecho inkathandiza boma kuti anthu aiwale mabomba kwa maola awiri. Pamenepo ndikuvomereza, mnzangayo ali ndi mfundo. Koma funso langa ndi ili: mkazi amene sangatuluke m'dziko, amene kutchuka kwake ndi chimodzi mwa zinthu zochepa zoteteza mwamuna wake, akanakana ntchito iliyonse, akanapulumutsa ndani? Ife ophunzira timakonda kuweruza anthu akale titakhala pa benchi, tikudziwa kale mmene nkhondo inathera. Iye sankadziwa.

Chimene chimandikhumudwitsa kwambiri ndi zimene zinachitika nkhondo itatha. Nyumba yawo ku Berlin inaphulitsidwa ndi bomba mu 1944, ndipo banjali linakakhala ku Ratzeburg. West Germany, imene inkafuna kuoneka kuti yasintha, sinamupatse ntchito yochuluka mayi amene anaima ndi mwamuna wake wachiyuda, pomwe Rühmann anabwerera pachimake cha kutchuka. Mafilimu ake awiri omaliza, a 1954 ndi 1955, anakawapangira ku kampani ya DEFA ya ku East Germany.

Von Kaufmann anapulumuka nkhondo ndipo anamwalira mu 1959, akadali mwamuna wake. Porten anamutsatira mu October 1960 ku Berlin, ali ndi zaka 70. Lachiwiri likubwerali tili ndi kalasi ija, ndipo ndikufuna mnzanga uja andiuze gulu lachitatu alitcha chiyani.