Chinsinsi cha Horst Tappert ndi mbiri ya Derrick

Imfa ya Fritz Wepper mu Malichi 2024 idadzutsanso funso lomwe dziko la Germany silidalithetse: kodi sewero lotchuka likhoza kupulumuka mbiri ya mwini wake ikaipa? Wepper ndiye ankasewera ngati Harry Klein, wothandizira wapolisi wofufuza milandu m'sewero la pa kanema la Derrick.

Derrick mwiniyo anali Horst Tappert, yemwe adabadwa mu 1923 ku Elberfeld ndipo adamwalira mu 2008. Kuyambira 1974 mpaka 1998, kanema wa ZDF adaonetsa magawo 281 a seweroli, lomwe lidagulitsidwa m'maiko oposa 100. Tappert ankaoneka wodekha ndi waulemu, wapolisi wa ku Munich wogwira zigawenga ndi mafunso osati ndi mfuti. Kwa anthu akunja omwe ankakumbukirabe nkhondo, iye adali nkhope ya Germany watsopano.

Mu 2013, katswiri wa zachikhalidwe Jörg Becker adapeza zikalata zoonetsa kuti mu 1943 Tappert adali m'gulu la Waffen-SS, m'nthambi ya Totenkopf yomwe idakhazikitsidwa ndi alonda a ndende zozunzirako anthu. Tappert sadaululepo zimenezi ali moyo. ZDF idalengeza kuti sidzaonetsanso Derrick.

Omuikira kumbuyo amati panthawiyo adali mnyamata wa zaka pafupifupi 20, ndipo palibe khoti lomwe lidamupeza ndi mlandu. Mfundoyi ndi yomveka, koma sifika pa gwero la nkhani. Wolemba seweroli, Herbert Reinecker, nayenso adali mu Waffen-SS, koma zake zidadziwika kale. Günter Grass, mlembi wopata mphotho ya Nobel, adaulula yekha mu 2006. Adadzudzulidwa kwambiri, komabe adakhala ndi mpata woyankha, ndipo mabuku ake akuwerengedwabe.

Tappert adadzimana mpata umenewo. Kwa zaka 24 ankasewera ngati munthu wochititsa ena kuvomera zolakwa zawo, pomwe zake adazikwirira mpaka kumanda. Anthu omwe adamukhulupirira adatsala ndi zikalata zokha, popanda womufunsa ngati adalowa m'gululo mwakufuna kwake kapena mokakamizidwa.

Chilango cha ZDF chidagweranso anthu osalakwa monga Wepper, yemwe adabadwa mu 1941. Kubisa seweroli kukufanana ndi zomwe adachita Tappert yemweyo. Kulionetsa pamodzi ndi mbiri yonse ya omwe adalipanga kukadaphunzitsa oonera zambiri.