Bwana wonyozera chigamulo, khothi limuitane ndi dzina

Asisi, pali kachinyengo komwe mabwana akazolowera. Khothi likagamula kuti akonze magiredi ndi kubweza ndalama zomwe ankakudyerani, amangoti "tamva", kenako zii. Mukafunsa, ati bajeti sinatuluke, mawa ati akuluakulu sanakumane. Chaka n'kutha.

Lamulo silikuzungulira. Gawo 31 la malamulo oyendetsera dziko lino komanso gawo 6 la Employment Act ya 2000 akuti ntchito yolemera mofanana, malipiro afanane, kaya ndiwe mkazi kaya mwamuna. Ndipo Industrial Relations Court ikagamula, bwana alibe ufulu wosankha tsiku lomwe angamvere.

Tsono taganizirani mayi wa ku Embangweni wokolopa kapena wophika, pa giredi ya pansi penipeni pomwe akazife timaunjikidwa. Khothi la za ntchito lili ku Mzuzu. Thiransipoti yodzera ku Jenda kapena ku Mzimba boma wachita kubwereka ku banki mkhonde, ulendo osati umodzi. Mlandu wawina. Chigamulo chili m'chikwama, malipiro ndi akale omwe aja, ngongole ikuswa.

Kuchedwetsaku n'kwadala, musanamizidwe. Kwacha idagwa ndi 25 peresenti mu May 2022, n'kugwanso ndi 44 peresenti mu November 2023. Yemwe adawina mu 2021 akalipidwa lero, apite nazo ndalamazo kogula feteleza aone matumba angati atuluke. Bwana wapindula pongokhala chete.

Mankhwala ake alipo: mlandu wonyoza khothi. Loya abwerere kwa woweruza, atchule munthu weniweni amene wakhalira chigamulo, osati "ofesi" kapena "kampani". Ofesi silowa m'chitokosi, koma munthu amalowa, kapena kulipira chindapusa. Ena amati kutero n'kusowa ulemu kwa akuluakulu. Ulemu wanji? Peter Mutharika ndi Lloyd Muhara atafuna kukakamiza mkulu wa makhothi Andrew Nyirenda kupita kutchuthi mu 2020, khothi lidalamula kuti ndalama za mlanduwo alipire okha, kuchokera m'thumba mwawo. Ndiye bwana wa malipiro ndi ndani?

Ngati muli ndi chigamulo chomwe chikungogona, sungani kope yake, mapeyisilipi onse ndi kalata iliyonse yomwe adakuyankhani. Mawu apakamwa ayi, auzeni alembe. Tengani zonsezo mupite ku Legal Aid Bureau kapena Women Lawyers Association, ndipo mupite pagulu, chifukwa mmodzi amamuopseza ndi kumuchotsa ntchito.