Mipando Iwiri ya Denise Glaser

Mnzanga wina wa m'kalasi ya Chifalansa watigonthetsa m'kutu ndi Numéro Un, pulogalamu ya Maritie ndi Gilbert Carpentier imene inkaonetsedwa pa TF1 Loweruka madzulo kuyambira 1975 mpaka 1982. Akuti luso lenileni la kanema wa ku France linali pamenepo. Ine ndikukana, ndipo ndikukanira pamaso pa nonsenu.

Zoti banja la Carpentier linali lochenjera sinditsutsa. Linkatenga oimba awiri osayenderana n'kuwaimbitsa nyimbo imodzi, kuwaveka zonyezimira, kuwachititsa timasewero. Koma taonetsetsani pakamwa pa Claude François kapena Dalida: kawirikawiri nyimboyo inajambulidwa kale, iwo akungoyendetsa milomo. Nanga woimba amene sangaphonye liwu, sangabanike, sangadzidzimutsidwe ndi funso, tinganene kuti tamuona? Taona malaya ake basi.

Tsono yang'anani Discorama ya Denise Glaser, 1959 mpaka 1975. Chipinda choyera mbee, mipando iwiri. Raoul Sangla, yemwe ankatsogolera ojambula, sankabisa makwerero ngakhale zingwe zamagetsi. Mayiyu ankaponya funso limodzi n'kukhala duu. Mlendo, kaya ndi Serge Gainsbourg kaya Léo Ferré, ankadikira kuti amuombole ndi funso lina; mayi osatsegula pakamwa. Mumaona munthu wamkulu akumeza malovu, akusakasaka mawu, kenaka n'kutulutsa zimene sanakonzekere kunena. Mnzanga uja akuti zimenezi n'zogonetsa tulo. Ine zinandigoneka mochedwa, ndi mayunitsi a m'foni omwe anathera pomwepo.

Ndipo tisaiwale mwini nyumba. ORTF inali ya boma. Mu 1965 Jean Ferrat analetsedwa kuimba pa kanema Potemkine, nyimbo yonena za amalinyero a ku Russia amene anagalukira akuluakulu awo mu 1905. Kodi malaya onyezimira akanawaletseranji, poti sankanena kanthu? Glaser anakhalira kumbuyo sitiraka ya mu 1968, ndipo akuluakulu sanamukhululukire. Pulogalamu yake inathetsedwa mu 1975, chaka chomwecho chimene Numéro Un inayamba. Ntchito inamusowa. Anamwalira mu 1983 ali wosauka, ndipo mwa oimba onse amene anakhalapo pa mpando wachiwiri uja, kumaliro kwake kunaoneka Barbara ndi Catherine Lara okha.