Amene Anasunga Mawu a ku Singano

Kanema akatha, ambiri a ife timanyamuka mayina a amene anamukonza akadayenda pa galasi. Timapita kwathu tikukamba za nkhope za ochita sewero. Koma wojambula mawu, munthu uja amaima pambali pomwe kamera siona, atanyamula maikolofoni pa ndodo mpaka mapewa kuwawa, palibe amene amafunsa dzina lake. Lero, okondedwa awerengi, tifuna timuyankhulire munthu ameneyu, ndipo umboni wathu sitiutenga kutali.

M'chaka cha 1967 Gerhard Kubik, katswiri wa maphunziro a nyimbo wochokera ku Vienna, anakumana mu Blantyre ndi anyamata awiri apachibale a m'mudzi wa Singano ku Chileka, Daniel ndi Donald Kachamba. Ankayimba nyimbo za kwela, wamkulu pa gitala, wamng'onoyo, akadali mwana, pa chitoliro. Kwa odutsa m'njira anali anyamata wamba ofuna makobidi. Kubik anaima, namvetsera, najambula nyimbo zawo pa tepi, nawatenga pa filimu, kenaka nalemba buku lonena za gulu lawolo. Ntchito zitatu izi, kutchera khutu, kutsogolera kamera ndi kulemba, zinagwiridwa ndi munthu mmodzi, koma yoyambayo ndiyo inabala zinazo.

Daniel anamwalira mu 1987. Donald, amene mu 1999 anakaphunzitsa nyimbo zakezo pa yunivesite ya UCLA ku America, anatsatira mu 2001. Chala chimene chinkakhudza nsambo zija chinabwerera kudothi. Zimene mwana wa ku Chileka angamve lero za anthu awiriwa ndi zokhazo zimene zinalowa m'maikolofoni a anthu oleza mtima. Ndipo tisanene kuti ndi ntchito ya azungu okha, pakuti Moya Aliya Malamusi, wa ku Chileka komweko, anaitola nayenda nayo m'midzi ya kuno ndi ya maiko oyandikana nafe, kujambula nyimbo ndi nthano za anthu amene sanalembepo dzina lawo papepala.

Tsono chotidandaulitsa nchakuti ife tinakonda maso kuposa makutu. Kwaya ikafuna kutulutsa kanema, ndalama zimathera pa yunifolomu ndi pa galimoto yopita kumalo a kapinga wokongola; za mawu zimakambidwa pomaliza, thumba litauma. Chotsatira chake timaona milomo ikuyenda pamene nyimbo ili kwina. Mnyamata akauza makolo kuti akufuna kuphunzira kujambula mawu, yankho limakhala lakuti apeze kaye ntchito yeniyeni. Komatu wina akaime pakhomo pa kanyumba koonetsera kanema pa msika wa Lirangwe: filimu ndi ya ku China kapena ku India, koma chodzazitsa mabenchi ndi liwu la Mmalawi amene anaikamo Chichewa. Ngakhale Shemu Joyah, mlembi ndi mtsogoleri wa mafilimu amene timamunyadira, mphoto imene filimu yake ya The Last Fishing Boat inalandira ku Africa Movie Academy Awards mu 2013 inali ya nyimbo zake, zinthu zomveka ndi khutu.

Sitikunena kuti nyumba iliyonse igule zipangizo zodula. Foni imene ili m'thumba mwa mdzukulu ikhoza kugwira ntchito imene mu 1967 inkafuna makina olemera ndi matepi. Chosowa ndi munthu wovomera kukhala chete ola lathunthu, kuthamangitsa nkhuku, kudikira mphepo ileke, kuti agogo ayimbe nyimbo ya pamtondo kufikira kumapeto. Zigayo zinalanda kale mitondo malo, ndipo amayi odziwa nyimbozo ku Lirangwe ndi ku Chileka tikuwaperekeza kumanda mmodzimmodzi. Pa maliro awo timajambula bokosi, nkhata ndi olira, mafoni ali m'mwamba, mwini wake atatseka kale pakamwa.